Amene Ankasesa pa Nyumba ya Mizukwa

Msakambewa ndi Chezi, zaka zanga zoyamba

Ana anga, za ubwana wanga ndidzakuuzani pakamwa. Pano ndiyambire pomwe boma linandipatsa njinga yakapalasa ndi dzina loti mlangizi wa zaulimi, n'kunditumiza ku Msakambewa. Ndinafika ndili mnyamata wodzimva, nsapato zopolisha, n'kumayenda m'minda kuyeza mizere ndi chingwe. Alimi ankandilandira bwino, kundikazingira mtedza, n'kumandifunsa kuti ndikwatira liti. Ntchito yake inali ya kusowa kokhakokha. Feteleza wa m'munda wachitsanzo ankafika chimanga chitamasula kale, ndipo machubu a njinga atasowa ndinayendapo nyengo yonse ya dzinja nditapakira udzu m'tayala. Kuchoka kumeneko anandisamutsira ku Chezi, komwe ndinapeza amayi anu akuyimba kwaya kuparishi. Ku Chezi ndinakhala bwino, moti ndikanasiyidwa ndikanakalambira komweko. Koma tsiku lina bwana wathu, a Gondwe, anandiitanitsa ku ofesi ku Dowa boma. Anali munthu wosakweza mawu, koma akayamba kukuyamikira umadziwa kuti kukubwera zoipa.

"A Mbewe, inu ndinu Akatolika olimba, eti?"

"Timayesetsa, bwana."

"Ndiye kuti mizukwa simuiopa. Konzani katundu."

Kumapiri, m'malire a Dowa ndi Ntchisi

Malowo sindiwatchula dzina, chifukwa anthu ake alipo ndipo atopa nayo nkhaniyi. Kunali kutali ndi msewu, kozizira, ndipo ukakhala pakhonde la nyumba ya mlangizi umaona nkhalango ya Ntchisi ili bii kutsogoloku. Mlangizi amene anakhalamo kale anali a Makwinja, ochokera ku Phalombe. Anadwala kwa kanthawi kochepa n'kumwalira m'nyumbamo, lole ya boma n'kunyamula mtembo kupita kwawo. Alangizi amene anatumizidwa pambuyo pawo sanakhalitse. Mbiri inali yoti nyumbayo ili ndi mwiniwake amene sanasamuke. Anthu ankati ngakhale ikhale yokhoma, m'mawa uliwonse pabwalo pamapezeka posesedwa bwinobwino, ndipo dzuwa likafika pamutu, nthawi imene malemuwo ankabwera kudzadya, pamamveka belu la njinga popanda njinga.

Tinafika ndi amayi anu, mwana wathu woyamba Tadala ali kumbuyo. Kutacha tinatsegula chitseko n'kupeza mizere ya tsache kuyambira pakhomo mpaka kumsewu, ngakhale mapazi athu adzulo atafafanizidwa. Amayi anu sanakuwe. Anangolowa m'nyumba n'kuyamba kumanganso mapoto m'chitenje.

"Bambo a Tadala, inu mukhale ndi boma lanulo. Ine ndi mwanayu tikubwerera ku Chezi."

Ndinawapempha kuti andipirire pang'ono. Mantha ndinali nawo, sindibisa, koma chimene chinkandikwiyitsa n'choti mzukwa wake ukhale waukhondo chotero, pomwe denga linkadontha ndipo sunalikonze. Ndiye m'bandakucha wina, tambala atalira kale, ndinamva tsache pabwalo, ndinagwira kolona m'thumba n'kutuluka. Ndinapeza mayi wachitsikana, wowonda, atavala zakuda, atawerama akusesa. Atandiona anagwada.

"Pepani alangizi, ndakudzutsani."

"Ndinu ndani, mayi?"

"Ndine Nankhoma, wa kutsidya kwa mtsinjewu. Ndine mkazi wa panyumba pano."

Amayi anu anatuluka n'kuwapatsa mkeka, ndipo a Nankhoma anatifotokozera. Anakwatiwa ndi a Makwinja ndipo anakhala nawo m'nyumbamo, koma mwana sanapatsidwe. Mwamunayo atamwalira, abale ake anabwera ndi nkhope zolimba, osawalankhula, akunong'onezana kuti imfa yachangu chotere ili ndi mwini. Pa lole anati malo atha. Pokwera, mkulu wawo anangotembenuka n'kunena kuti, "Za inu tidzabwera tidzakambe." Sanabwere.

Inu okulira m'tauni mwina simudziwa kusudzula. Mwamuna akamwalira, akwawo amakhala pansi ndi mkazi wamasiyeyo pamaso pa anthu, kumuthokoza kuti anasamala m'bale wawo, kumuuza kuti alibe naye mlandu ndipo ndi womasuka. Mpaka mawu amenewo atanenedwa, iye amakhalabe mkazi wa malemuwo. A Nankhoma sanasudzulidwe. Boma linawatulutsa m'nyumbamo ndipo anabwerera kumudzi kwawo, koma mumtima mwawo pakhomopo panali pawobe, ndipo ankaopa kuti alamu awo angadzafike tsiku lina n'kupeza zinyalala. Ankabwera kusanache pothawa maso a anthu.

Ndinayesa kuuza anthu pamsika kuti wosesayo ndi munthu ngati iwo omwe. Anandiyang'ana mwachisoni n'kuti, "Eya alangizi, koma akumutuma ndani?" Anthu mzukwa wawo ankaukonda, sankafuna kuti wina awalande. Za belu musandifunse. Ndinalimva ine, amayi anu analimva, masana dzuwa likuswa mtengo, ndipo tikatuluka kunalibe munthu. Tinangozolowera, moti amayi anu likalira ankati nthawi yopakula yakwana.

A Nankhoma anasanduka m'bale wathu. Kusesa sanasiye, koma tsopano ankabwera kunja kutayera, n'kumwa tiyi ndi amayi anu. Yamikani anabadwira m'nyumba imeneyo, ndipo msana umene anaukodzera kwambiri ndi wawo. Ine kuuma mtima kwawo kunkandipsetsa mtima. Malume awo anawauza kuti akwatiwe, ansembe anawauza kuti pamaso pa Mulungu ndi omasuka, amuna abwinobwino anabwera kudzafunsira, koma yankho linali limodzi: "Anati abwera." Ndinakafunsa a Gondwe ngati ofesi ingathandize kupeza abale a malemuwo. Anati mapepala a anthu akufa anapita kulikulu, ndipo boma lilibe ndondomeko yosudzulira akazi amasiye. Posakhalitsa anandisamutsanso, Yamikani asanayambe n'kulankhula komwe, ndipo ntchito inandizunguliza malo ena mpaka a Nankhoma tinatayana.

Dowa boma, nditapuma ntchito

Nkhani ya nyumbayo tinkaikamba pakhomo pathu monga mabanja onse amakambira zakale, ndipo inu ana chimene munkafuna kumva ndi belu basi. Za mayi wosesa munkayasamula. Ndiye Yamikani atakula n'kuyamba kujambula mafilimu ndi anzake ku Lilongwe, sindinadabwe kumva kuti wajambula ya nyumba ya mizukwa ya kumapiri a Ntchisi. Ndinakaionera m'kanyumba ka vidiyo pamsika, nditakhala pabenchi pakati pa anthu a kabaza. Mzukwa wake unali mnyamata wopakidwa ufa kumaso, akupalasa njinga m'chipinda chogona. Amene ankasewera ine anali ndi mimba yaikulu, pomwe ine pa malipiro a mlangizi sindinakhalepo ndi mimba. Koma anthu ankakuwa, ena kubisa nkhope, ndipo ndinanyadira mwana wanga. Pamapeto penipeni, zonse zitatha, panaoneka mayi wovala zakuda akusuzumira pawindo, maso ali psuu, kenako mawu oti nkhaniyi inachitikadi ndipo ipitirira. Pamenepo ndinakumbukira a Nankhoma, koma ndinadziuza kuti ndi sewero chabe.

Filimuyo inayenda m'mafoni mpaka inakafika kumapiri komwe inachokera. Tsiku la msika ndinakumana ndi mlimi wina wa m'kalabu yanga yakale ya alimi kumeneko, atabwera kudzagulitsa mbatata. Titapatsana moni anandikokera pambali.

"Alangizi, mwana wanu watipweteketsera munthu. A Nankhoma aja masiku ano kumjigo akafika, amayi amanyamula zidebe n'kuchoka. Ana akumawakuwiza kuti mfiti ya mufilimu. Mwezi wathawu mwana wina atadwala malungo, anyamata anawagenda padenga. Akuti akudikira gawo lachiwiri kuti amve chimene anachita."

Ndinabwerera kunyumba osagula chimene anandituma amayi anu. Kwathu kuno mayi wokalamba, wopanda mwana, wokhala yekha, akangomuloza chala chotere mapeto ake timawadziwa tonse.

Chaka cha gawo lachiwiri

Lamlungu lina titachoka ku Misa tinapeza galimoto pakhomo. Anali Yamikani ndi anzake awiri, atanyamula makamera ndi nyali zawo. Anandigulira jekete latsopano. Titadya anandiuza chimene anabwerera: ankafuna ndikhale pampando, ndivale jeketelo, ndiyang'ane kamera n'kunena kuti ine ndinakhalamo m'nyumbamo ndipo zimene muonezi zinachitikadi. Mawu angawo ndiwo adzatsegule gawo lachiwiri.

"Nanga m'gawo lachiwirimo muli zotani?" ndinafunsa.

"Anthu akufuna kudziwa chifukwa chimene mzukwa uja wakwiyira, ababa. Ndiye tiulula kuti mkazi wake anamuthirira mankhwala m'ndiwo. Mzukwa umulondola mpaka anthu a m'mudzi amugwira."

"Amugwira n'kumutani?"

Mnzake wina, wandevu zosongoka, anaseka. "Pamenepo ndiye pokoma, madala. Nyumba ipsa."

Ndinavula jeketelo n'kulipinda bwinobwino, chifukwa ndikanapanda kutanganidwa ndi manja ndikanalankhula zoti ndidzalape. Ndinawauza zimene ndinamva pamsika. Yamikani anati maina asintha, ndipo aliyense amadziwa kuti filimu ndi filimu. Ndinamufunsa kuti ngati aliyense amadziwa, nkhope yanga akuifuniranji? Analankhula motsitsa, ndipo mawu akewo amandiwawa mpaka lero.

"Ababa, chiyambire sindinakupempheni kanthu pa ntchito yangayi. Munkati ndi masewera. Lero yayamba kuoneka, anthu akudikira, anzangawa asiya zina kuti tichite izi, ndipo inu mukundikana pamaso pawo."

Zinali zoona. Mwanayu anavutika yekha, ndipo aka kanali koyamba kuti andifune. Pa ntchito yonse ya boma sindinakumanepo ndi chinthu chovuta kusankha ngati chimenechi. Koma ndinamuuza kuti sindikhala pampandopo, ndipo akajambula za mankhwalazo ine ndidzayenda ndekha mudzi ndi mudzi kumapiriko kuuza anthu kuti mwana wanga ndi wabodza. Anzake anatuluka kukakhala m'galimoto. Amayi anu, amene nthawi yonseyi anaima pakhomo la kukhitchini, anangoti, "Yamikani, mayi ameneyo anakubereka kumbuyo iwe. Pita ukamuone kaye, ukatero udzamuotche bwino."

Anachoka osatsanzika. Panapita milungu foni yake ili zii. Kenako m'mawa wina anangotulukira yekha, kachikwama ka kamera paphewa, nkhope ili gwa, n'kuti, "Tiyeni." Tinakwera minibasi, kenako njinga zamoto, kotsalako wapansi. Nyumba ya mlangizi tinaipeza itagwa denga, boma linamanga ina pafupi ndi msewu. A Nankhoma tinawapeza kwawo akusenda nandolo pakhonde, atakalamba, maso atachita nkhungu, zovala zakuda zomwe zija zitasanduka zotuwa. Malata a nyumba yawo anali ndi mabala a miyala. Atamva mawu anga anaombera m'manja.

"Alangizi! Muli moyo? Nanga Tadala? Nanga kaliwombo kaja?"

"Kaliwombo kaja ndi aka, kali ndi ndevu. Ndi amene anajambula filimu ija."

Ndinanena dala, ndipo Yamikani anandiyang'ana ngati ndamuponda chilonda. A Nankhoma anamugwira dzanja n'kulisisita. Sanamukalipire. Anati filimuyo sanaione, angomva kuti alimo ndipo maso awo ndi ofiira. Anatiuza za miyala ija mosadandaula, monga munthu akamakamba za matalala a chaka chatha. Kenako anafunsa funso limene tonse sitinaliyembekeze.

"Kodi mwanawe, filimu yakoyo imafika ku Phalombe?"

"Imafika kulikonse kumene kuli foni, agogo."

"Ndiye undijambule ineyo. Osati wa maso ofiirayo, ine. Ndiwafunse alamu anga ngati anaiwala njira."

Ine ndinakana. Ndinati nkhope yawo ikaoneka ndiye kuti aliyense wofuna kuwachita chipongwe awadziwa. Anandiyankha kuti amene amawagenda amawadziwa kale, osawadziwa ndi amene akuwafuna. Ndipo anati ngati ndikuopa, ndikhale pambali pawo. Ndi mmene ndinalowera m'gawo lachiwiri, ana anga, wopanda jekete, nditakhala pa mpando wachikumba, nkhuku zikudutsa kumapazi. A Nankhoma analankhula okha kuyambira pa matenda a mwamuna wawo, mmene anamusamalira, mpaka pa lole ija. Yamikani ankajambula misozi ikutsikira m'ndevu, ndipo ine ndinachita ngati sindikuona.

Gawo lachiwirilo linatuluka lili losakanizika. Mzukwa waufa uja unalimobe ndi njinga yake, koma tsopano unkangozungulira nyumba kusowa woutengera kwawo, ndipo pakati ndi pamapeto pankabwera a Nankhoma enieniwo. Wandevu zosongoka uja anasiyana naye Yamikani chifukwa cha zimenezi. M'kanyumba ka vidiyo pamsika anthu ankatuluka isanathe, akudandaula kuti yoyamba ija ndiye inali filimu, iyi ndi maliro. Mwana wanga inamubweza m'mbuyo pa ntchito yake, ndipo sanandibisire kuti zinamupweteka. Kumapiriko kugenda kunatha, koma kumjigo amayi ankaimabe patali. Ena ankati munthu wosalakwa sangasiyidwe ndi alamu ake zaka zonsezi popanda chifukwa.

Chilimwe chathachi

Uthenga unafika kwa Yamikani pafoni. Anali mwana wa mlongo wake wa a Makwinja, mphunzitsi wa sukulu ya pulaimale, amene pa nthawi ya maliro aja anali wamng'ono. Anaonera filimuyo pafoni ya mnzake n'kuzindikira dzina la amalume ake a Nankhoma atalitchula. Akuluakulu amene anakwera lole ija onse anatha, wotsala anali mayi ake okha, okalamba kwambiri. Atawaonetsa, akuti gogoyo anangofunsa kuti, "Kodi ankadikira?"

Anabwera pambuyo pa zokolola, mphunzitsiyo ndi mayi akewo, ndipo ine ndi amayi anu ndi Yamikani tinawaperekeza. Kamera ndinamuuza kuti aisiye, ndipo anali ataisiya kale. Anthu anasonkhana pabwalo la a Nankhoma, abale awo kutsogolo, ndipo kumbuyo, pansi pa mitengo ya mango, kunaima khamu la ongofuna kuona, pamodzi ndi amayi a kumjigo aja. Mwambo wake ndi waufupi zedi, moti ine zinandipsetsa mtima kuti kanthu kotha msanga chotere kanadya moyo wonse wa munthu. Mphunzitsiyo anagwada, anaika mbale patsogolo pa a Nankhoma monga mwa mwambo, n'kulankhula mwaulemu, motsitsa mawu.

"Mayi, takuchedwerani, mutikhululukire. Tikuthokoza kuti munasamala amalume athu mpaka tsiku lawo lomaliza. Anamwalira ndi matenda. Inu mulibe mlandu ndi ife. Kuyambira lero ndinu omasuka."

A Nankhoma sanaigwire mbaleyo. Anapendeketsa mutu ngati sanamve.

"Bambo, mawu apakatiwo. Muwanenenso mokweza, amve ali kumangowo."

Mphunzitsiyo anaimirira, anatembenukira kumitengo kuja, n'kunena ndi mawu a m'kalasi kuti amalume ake anamwalira ndi matenda, ndipo mayi awa alibe mlandu. A Nankhoma anatenga mbale ija, anaiyang'ana, kenako anatembenukira kwa ine.

"Alangizi, ndiye kuti amuna anga amwaliradi."

Ndipo anayamba kulira maliro, kulira kwenikweni kotchula dzina, kumene sanaloledwe kulira tsiku la lole lija. Mlamu wawo wokalambayo anakwawa n'kuwakumbatira, nayenso akulira mchimwene wake. Kwathu kuno munthu salira maliro yekha anthu akuonerera. Amayi a kumango kuja anayang'anizana, wina anamasula chitenje n'kufunda kumutu, ndipo mmodzimmodzi anabwera kudzakhala pansi mowazungulira a Nankhoma, mpaka pamkeka panasowa malo.